Funsani Amalume: mayi wa kukhola amene anakafika ku khoti lalikulu la America

Mwezi watha poyankha nkhani ya ana aakazi ndi sukulu ndinangotchula mongodutsa dzina la Sandra Day O'Connor, kuti anakulira koweta ng'ombe koma anadzakhala loya, phungu komanso jaji. Basi foni osapuma, ma meseji a pa WhatsApp ochokera ku Ngabu, Bangula, Nsanje boma mpaka kwa Chapananga. Ndasankhapo anayi, enawo pepani malo achepa.

FUNSO: Amalume, ine ndi mtsikana wa folomu 4 kuno ku Ngabu. Ndimafuna nditadzakhala loya koma abambo anga aang'ono akuti zimenezo ndi za ana a ku Blantyre, ine ndizingoganiza za unamwino kapena uphunzitsi basi. Mayi munatchula uja anakuliradi kukhola kapena mumangotilimbitsa mtima?

YANKHO: Mwana wanga, anakuliradi kukhola, koma ndisakunamize, silinali khola la ng'ombe khumi ngati la agogo ako. Sandra Day anabadwa pa 26 March 1930 ku El Paso, m'chigawo cha Texas, ndipo anakulira pa famu ya makolo ake yotchedwa Lazy B, kumalire a Arizona ndi New Mexico. Famuyo kukula kwake pafupifupi Majete yense. Ndiye ukamva choncho uganiza kuti anali mabwana odyera pa tebulo, koma dera lake ndi chipululu, kotentha, mvula yochepa kuposa ya kuno kwathu, ng'ombe kuti ikhute imayenda mtunda wautali, madzi ndi a pa mjigo wopopedwa ndi mphepo. Magetsi ndi madzi a m'mipopi anafika pakhomopo iye ali ndi zaka 7. Anaphunzira kukwera hatchi, kuwombera mfuti ndi kuyendetsa galimoto akadali kamwana.

Pali kankhani kamene ankakonda kukamba yekha. Tsiku lina ali mtsikana anamutuma kukapereka chakudya cha masana kwa abambo ake ndi anyamata amene ankasonkhanitsa ng'ombe kutali kutchire, panjira tayala linaphwa, analimbana nalo yekha padzuwa mpaka kusintha, kufika kuja mochedwa akuganiza kuti amuyamikira, abambo ake anangomuuza kuti akanayenera kunyamuka msanga. Basi. Abambo a ku Ngabu ndi a ku Arizona sasiyana kwenikweni eti.

Chimene chinamuthandiza ndi chakuti kufamu kunalibe sukulu yabwino pafupi, ndiye makolo anamutumiza kukakhala ndi agogo ake aakazi ku El Paso. Apa ndi pamene abambo ako aang'ono ayenera kumva bwino, makolo aja anasankha kumutaya pa ntchito ya kukhola kuti aphunzire. Ali ndi zaka 16 analowa yunivesite ya Stanford ku California, anamaliza digiri ya zachuma mu 1950, ya zamalamulo mu 1952, ali m'gulu la okhoza bwino kwambiri. M'kalasi mwakemo munali William Rehnquist, amene anadzakhala jaji wamkulu wa dziko lonse, ndipo zinadzaululika pambuyo pake kuti mkuluyu anamufunsira ukwati koma anakanidwa. Anakwatiwa ndi John O'Connor, loya mnzake, mu December 1952.

Tsono digiri ili m'manja, ntchito osapezeka. Makampani a maloya ankangomuuza kuti sitilemba akazi. Kampani ina yaikulu ya ku Los Angeles inamufunsa ngati amatha kutayipa, kuti mwina amulembe usekilitale. Iye anapita ku ofesi ya loya wa boma m'dera la San Mateo nkunena kuti ndigwira ulere mpaka ndalama zidzapezeke, desiki yanga ikani pomwe pali sekilitale. Anayamba choncho. Kenako anatsatira mwamuna wake ku Frankfurt, ku Germany, komwe anagwira ntchito ya uloya ku asilikali a America, pobwerako mu 1957 anakhazikika ku Phoenix nkutsegula kaofesi kakang'ono ndi mnzake pakati pa mashopu, kutenga mlandu uliwonse wolowa pakhomo, wa lendi, wa ngongole, wa ukwati. Ana atabwera, anyamata atatu, anasiya ntchito zaka ngati zisanu, nkudzabwerera mu 1965 ngati wothandizira loya wamkulu wa chigawo cha Arizona.

Chondisangalatsa ine ndi ichi. Mu 1981 amene anamuimbira foni za mpando wa ku khoti lalikulu anali William French Smith, loya wamkulu wa boma la Ronald Reagan, ndipo mkuluyu anachokera ku kampani yomwe ija inafuna kumulemba usekilitale. Nyumba ya malamulo ya Senate inamuvomereza ndi mavoti 99, wotsutsa panalibe, nalumbira pa 25 September 1981, mayi woyamba pa khoti limenelo chiyambire. Anakhala mkazi yekhayekha pakati pa abambo 8 mpaka 1993 pamene Ruth Bader Ginsburg analowa.

Koma usapite kutali kukafuna chitsanzo. Mayi Anastasia Msosa anakhala jaji woyamba wamkazi ku High Court kuno mu 1992, anayendetsa chisankho cha 1994 ngati wapampando wa bungwe la zisankho, ndipo mu 2013 anakhala jaji wamkulu wa dziko lino. Iwe pano ntchito yako ndi MSCE, makamaka Chingerezi, chifukwa uloya ndi kuwerenga ndi kulemba tsiku ndi tsiku, si kukuwa m'khoti ngati za pa TV zija. Maphunziro ake ali ku University of Malawi ku Zomba ndipo kuli bungwe la boma lobwereketsa ndalama za fizi. Abambo ako aang'onowo usakangane nawo, unamwino si ntchito yonyozeka, ingowabweretsera mapoyinti abwino, mkanganowo udzatha wokha.

FUNSO: Achimwene, ine ndi mphunzitsi wa pulayimale kuno ku Bangula. Mwati mayiyu anali phungu wa chipani kenako jaji. Zimatheka bwanji? Munthu amene wavala nsalu ya chipani angaweruze chilungamo? Kwa ine zikununkha.

YANKHO: Aphunzitsi, funso lanu ndi lolemera ndipo sindikuyankhani ndi eya kapena ayi wamba. Anali wandale weniweni, wa chipani cha Republican. Mu 1969 mpando wina mu Senate ya chigawo cha Arizona unatsala wopanda munthu, bwanamkubwa Jack Williams anamuika iye, kenako anapambana yekha zisankho kawiri, ndipo pofika 1973 anali mtsogoleri wa aphungu a chipani chochuluka m'nyumbamo, mayi woyamba kugwira udindo wotero m'chigawo chilichonse cha America. Dziwani kuti kumeneko chigawo chilichonse chili ndi nyumba yake ya malamulo ndi makhoti ake, pamwamba pake nkumabwera za dziko lonse ku Washington.

Ali phungu anathandiza kuchotsa lamulo lakale la 1913 loletsa amayi kugwira ntchito maola opitirira 8 patsiku, lomwe pakamwa linkati likuteteza amayi koma kwenikweni linkawatsekera ntchito zolipira bwino, komanso anakankha zoti mkazi akhale ndi mawu ofanana ndi mwamuna pa katundu wa banja. Njira yake inali yoitana aphungu a mbali zonse kunyumba kwake, kuwaphikira, kuwapatsa mowa, nkukambirana bilu mpaka agwirizane. Ujaji wake woyamba anachita kupikisana pa chisankho mu 1974, inde, m'zigawo zambiri kumeneko jaji amachita kampeni ngati khansala, ndipo iye mwini atapuma ntchito anayenda dziko lonse kudzudzula mchitidwe umenewu kuti umalowetsa ndalama m'khoti. Amene anamukweza kupita ku khoti la apilo la Arizona mu 1979 anali Bruce Babbitt, bwanamkubwa wa chipani cha Democrat, osati chake.

Ubwino wa jaji amene anakhalapo phungu ndi wakuti amadziwa mmene lamulo limaphikidwira, kuti mawu ena analowamo pakati pausiku kuti wina avomere kuvota, ndiye sapembedza chilembo chilichonse, amafunsa kuti chigamulochi chikafika kwa munthu wamba chimupweteka pati. Mayiyu ankagamula mlandu umodziumodzi, mosamala, osafuna kuika lamulo lalikulu lophimba zonse, ndipo majaji akagawanika anayi uku anayi uku voti yake ndi imene inkathetsa nkhani. Mu 1982 analemba chigamulo chakuti sukulu ya boma ya unamwino ku Mississippi singakanize mwamuna, Joe Hogan, kuphunzira chifukwa choti ndi mwamuna. Mu 2004 pa mlandu wa Hamdi, nzika ya America imene inagwidwa ku Afghanistan nkutsekeredwa popanda kuzengedwa mlandu, analemba kuti kukhala pa nkhondo sikupatsa pulezidenti ufulu wochita chilichonse ndi nzika zake, pomwe pulezidentiyo anali George W. Bush, wa chipani chake chomwe. Mu 1992 anakhumudwitsa a chipani chake ambiri pokana kufafaniziratu ufulu wochotsa mimba umene khoti linapereka mu 1973. Kaya inu mumaima pati pa nkhani imeneyo, mfundo yanga ndi yakuti sanavote momwe omuika ankayembekezera.

Koma pamene mukununkhiza inu palidi fungo. Mu 2000 chisankho cha pulezidenti chinakanirira ku Florida, Bush akutsogola Al Gore wa chipani cha Democrat ndi mavoti 537 okha, kuwerenganso kuli mkati. Pa 12 December khoti lalikulu linaimitsa kuwerengako, majaji asanu kwa anayi, asanu onsewo oikidwa ndi apulezidenti a Republican, ndipo O'Connor anali m'gulumo. Bush analowa. Mu 2013 iye mwini anauza atolankhani a Chicago Tribune kuti mwina khoti silikanayenera kuulandira nkomwe mlanduwo. Kwa ine mawu amenewa anabwera mochedwa, ndipo ndi banga pa mbiri yake. Yerekezani ndi kuno pa 3 February 2020 pamene majaji asanu anafafaniza chisankho cha 2019 chija cha Tipp-Ex pulezidenti ali pampando, khoti la Supreme nkuvomereza mu May, tonse nkukavotanso pa 23 June. Pa chimenechi ife tilibe chophunzira ku America.

Ndipo kudumpha pakati pa ndale ndi khoti si zachilendo kuno. Malemu Lovemore Munlo anakhalapo nduna ya zachilungamo chakumapeto kwa ulamuliro wa Kamuzu, nadzakhala jaji wamkulu kuyambira 2007 mpaka 2013, atachoka anakapikisana nawo pa utsogoleri wa MCP. Kusiyana kwake nkwakuti kuno majaji sachita kampeni, amasankhidwa ndi pulezidenti atalandira mayina kuchokera ku Judicial Service Commission, ndipo jaji wamkulu ayenera kuvomerezedwa ndi palamenti. Chimene ine ndimayang'ana si komwe munthu wachokera koma ngati anagamulapo zopweteka amene anamuika. Mayiyu anatero kangapo, kupatula tsiku lija limene zinali zofunika kwambiri.

Chinanso, njira yake yapakatikati ija sinakhalitse. Chigamulo cha 1992 chinafafanizidwa mu 2022, ndipo wolemba chigamulo chofafanizacho anali Samuel Alito, yemwe analowa pampando wake. Cha 2003 chololeza yunivesite ya Michigan kuganizirako mtundu wa munthu posankha ophunzira, pomwe iye analemba kuti pakatha zaka 25 zimenezi siziyenera kufunikanso, chinathetsedwa mu 2023 zakazo zisanakwane.

FUNSO: Amalume, ndine mayi wa bizinesi ya nsomba pa Nsanje boma. Mwana wanga akuti majaji a kumeneko sapuma mpaka imfa. Nanga mayiyu anachoka bwanji, anamuchotsa?

YANKHO: Mayi, mwana wanu akunena zoona, jaji wa khoti limenelo alibe zaka zopumira ngati kuno, amachoka akafuna yekha kapena akamwalira. Sanachotsedwe. Mu 1988 anadwala khansa ya m'mawere, anachitidwa opaleshoni nkubwerera kuntchito. Chimene chinamuchotsa ndi matenda a amuna ake. A John anagwidwa ndi Alzheimer's, matenda oiwala aja, mpaka nthawi zina ankapita nawo kuofesi chifukwa sakanatha kuwasiya okha pakhomo. Analengeza pa 1 July 2005 kuti akupuma ndipo anachoka mu January 2006 akadali ndi mphamvu zake. Amunawo anamwalira mu 2009. Chaka chomwecho Barack Obama anamupatsa mendulo yapamwamba ya dziko, ndipo mayiyu anayambitsa iCivics, masewera a pa intaneti ophunzitsa ana mmene boma ndi makhoti zimayendera. Mu 2018 analengeza kuti naye matenda oiwala amupeza, anamwalira ku Phoenix pa 1 December 2023 ali ndi zaka 93.

Ndiponyepo mawu pang'ono poti mwafunsa ndinu mayi. Kuno agogo akayamba kuiwala mayina a adzukulu, kusochera pobwera kudimba, kuyankhula zosagwirizana, tisathamangire kunena kuti ndi ufiti. Ndi matenda, anagwira ngakhale jaji wa ku Washington, apititseni kuchipatala ndipo muwayang'anire.

FUNSO: Bambo, ndine nyakwawa ya mudzi wina kuno ku Chikwawa. Masiku ano nkhani ndi malo, uku ngalande, uku nzimbe, uku anthu obwera ndi mapepala akuti chitukuko. Poti mayiyu anakulira pa munda, anaweruzapo nkhani ya malo? Anaima mbali iti?

YANKHO: Zikomo amfumu, ndakulandirani ndi manja awiri. Anaweruzapo kawiri, ndipo koyamba ndi kachiwiri anaima mbali zooneka ngati zosiyana, ndiye mvetserani zonse.

Malamulo aakulu a America amati boma lingathe kutenga malo a munthu pokhapokha ngati ndi ntchito yothandiza anthu onse ndipo lilipire chipukuta misozi choyenera. Msewu, sukulu, damu, pamenepo palibe mkangano. Mkangano umabwera boma likatenga malo kwa munthu uyu nkupereka kwa munthu wina.

Woyamba ndi wa ku Hawaii mu 1984. Zilumba zimenezi kale malo onse anali m'manja mwa mafumu, ndipo pofika zaka za m'ma 1960 anthu ndi mabungwe 72 okha anali ndi 47 peresenti ya malo onse, boma lili ndi pafupifupi theka, anthu wamba nkumangokhala a lendi pa nthaka imene anamangapo nyumba zawo. Nyumba ya malamulo ya Hawaii mu 1967 inakhazikitsa lamulo lokakamiza eni malo aakuluwo kugulitsa mapuloti kwa okhalapo. Eni malo anakasuma. O'Connor ndi amene analemba chigamulo, majaji onse amene anamva mlanduwo anagwirizana, kuti boma lili ndi mphamvu yothyola umwini wa anthu ochepa ngati ukufinya anthu ambiri, ndipo khoti lisamalowerere kwambiri pa zimene aphungu aona kuti ndi zothandiza anthu. Mukumva mmene phungu wakale akuyankhulira pamenepo.

Wachiwiri ndi wa 2005 ku New London, tauni yaing'ono yosauka m'chigawo cha Connecticut. Kampani ya mankhwala ya Pfizer inamanga maofesi pafupi ndi dera lotchedwa Fort Trumbull, akhonsolo anaganiza zochotsa nyumba za m'deralo kuti pabwere hotela, maofesi ndi nyumba zodula, ati ntchito zichuluka ndipo msonkho ukwera. Ambiri anagulitsa, koma namwino wina, Susette Kelo, ndi anansi ake ochepa anakana, nyumba zawo zinali zabwinobwino, sizinkasokoneza aliyense. Khoti lalikulu linagamula asanu kwa anayi kuti khonsolo ikhoza kutenga, chifukwa chitukuko cha chuma nachonso ndi phindu la anthu onse, ndipo asanuwo anatsamira pa chigamulo cha O'Connor yemweyo cha ku Hawaii chija. Apa O'Connor anakana kwamtuwagalu. Analemba kuti ngati zili choncho palibe nyumba kapena munda umene uli wotetezeka, chifukwa nthawi zonse padzapezeka wina wonena kuti malowa ine ndingawapindulitse kuposa iwe, nyumba iliyonse ingasanduke shopu yaikulu, munda uliwonse fakitale, ndipo opindula adzakhala amene ali ndi ndalama ndi mawu kwa andale. Kusiyana kwake malinga ndi iye, ku Hawaii umwini wakalewo ndi umene unkapweteka anthu, pomwe nyumba ya Kelo sinkapweteka munthu.

Ena amati anangodzitsutsa yekha, kuti chitseko anatsegula ndi iye mu 1984. Pali choonadi pang'ono, mawu ake a nthawi ija anali otambalala kwambiri. Koma ine ndimaona kuti maulendo onse awiri anayang'ana chinthu chimodzi, malo akuchoka kwa ndani kupita kwa ndani. Kelo ndi anzake analuza mlanduwo, koma anthu anakwiya dziko lonse ndipo zigawo zoposa 40 zinasintha malamulo awo kuti kulanda kotere kuvute. Nyumba zija zinagwetsedwa ndithu, ya Kelo anachita kuisamutsa, Pfizer inalengeza mu 2009 kuti ikuchoka m'tauniyo, ndipo malo aja anakhala zaka zambiri opanda chomangidwa.

Tsono amfumu, chigamulo cha ku America sichigwira ntchito pa khoti la majisitireti pa Chikwawa, musapite nacho kwa DC. Koma malamulo athu aakulu ali ndi mawu ofanana, gawo 28 likuti munthu asalandidwe katundu mwachisawawa, ndipo gawo 44 likuti boma likafuna kutenga malo pakhale phindu la anthu onse, chidziwitso chokwanira, chipukuta misozi choyenera, komanso mwayi wokadandaula ku khoti. Zinayi zimenezo, osati chimodzi. Ngalande yochokera ku Kapichira ndi ntchito ya boma yothirira, nkhani yake ndi ina, ndipo alimi kuphatikiza minda yawo mwakufuna kwawo ngati mmene anachitira a kopaletivi ya Phata ndi inanso. Zimene muyenera kuchenjera nazo ndi munthu wobwera ndi galimoto nkumati boma lavomereza kale, inu ingodindani. Mufunseni kalata yake, yochokera ofesi iti, malowo akalembedwa m'dzina la ndani, kwa zaka zingati, ndipo madimba a m'mbali mwa mtsinje ndi podyetsera ng'ombe awerengedwa kapena angowerenga minda ya thonje ndi mapira yokha. Lamulo la malo a makolo la 2016 linabweretsa makomiti a malo m'midzi, momwe amayi ayenera kukhalamo, ndiye nkhani yotere isathere pakhonde panu nokha ngakhale atabwera ndi mbuzi. Chilichonse mwasayina tengani kope yanu tsiku lomwelo. Ngati anthu anu alibe ndalama ya loya, a Legal Aid Bureau alipo chifukwa cha zimenezi.

Mundilemberenso mundiuze ngati malo mukunenawo ndi a makolo kapena ali kale pa lizi, chifukwa njira yodandaulira imasiyana, ndipo mujambule mapepala abwera nawowo mbali zonse ziwiri, osati tsamba loyamba lokha.